Kingston Wosamva Uja

Ndirande, Blantyre
Juni 2009

Achemwali anga a Selestina,

Moni nonse kumudziko. Kaya mukudzuka bwanji ndi chisanu cha ku Biriwiri? Nanga miyendo ija inasiya kutupa? Ife kuno tili bwino, kungoti ntchito yautelala yachepa, anthu akuthamangira kaunjika.

Mwina mukudabwa kuti ndalemberanji kalata foni ilipo. Tsiku lija munaimba ndinkangovomera, koma mawu anu ambiri sanandifike. Khutu lakumanzere linafa kale, ndipo lakumanjali layamba kutsatira. Alamu anu, mayi a Yamikani, anandikokera kuchipatala atatopa kukuwa m'nyumba ngati tikuyambana.

Dokotala anafunsa ngati ndinagwirapo ntchito kuchigayo. Ndinamuuza kuti phokoso langa ndi la makina osokera basi. Atandiunika ndi katochi, anati mkati mwa khutu munabooka kalekale, nafunsa ngati ndinkatuluka mafinya ndili mwana. Achemwali, pamenepo mtima unathawira kwathu.

Ndinaona malemu mayi atandigoneka pamiyendo pawo pakhonde, tikuothera dzuwa, akundichotsa mafinya ndi nthenga ya nkhuku. Inu munkandigwira miyendo uku mukuseka kuti khutu langa likununkha ngati kachewere wowola. Nthenga ija inkandikoma mpaka tulo, ndipo manja a mayi ndimawasowa mpaka lero. Sindikuwaimba mlandu, ankachita mwachikondi. Koma dokotala akuti mafinyawo ankafuna mankhwala, nthengayo inkangokulitsa bala.

Mukukumbukira dzina limene bambo anandipatsa? Kingston wosamva. Akandiitana kudimba ine osatembenuka, ndinkalandira khofi, nthawi zina pakhutu lomwelo. Ankati kuwongola mtengo n'poyamba. Ndinakula ndikukhulupirira kuti ndinalidi wamwano.

Pafoni paja chimodzi ndinachimva bwino. Munati mwana wanu Enelesi wasanduka wosamva, mukamutuma amangokuyang'anani, ndipo aphunzitsi akudandaula. Nditabwera pa Khirisimasi ndinaona ntchentche zikumutsata kukhutu, iye akuziingitsa ndi phewa monga ndinkachitira ine. Chifikireni kuno zimenezi zikundivutitsa mumtima.

Pempho langa ndi limodzi. Pitani naye kuchipatala sabata ino, osadikira kuti mukumbe kaye kachewere. Musamuthire mafuta kapena madzi a masamba m'khutu, ndipo nthenga muzisiyire nkhuku. Khutu langali akuti silingabwererenso, koma lake mwina likadali ndi mwayi.

Mundiperekere moni kwa alamu a Goliati, kwa amalume, ndi kwa azakhali ku Mlangeni. Enelesi mumuuze kuti amalume ake a ku Ndirande akumusokera diresi yatchalitchi. Pomuuzapo muime kutsogolo kwake kuti aone pakamwa panu. Akapanda kuyankha musakweze dzanja, achemwali. Bwerezaninso.

Ndine mlongo wanu wokusowani,
Kingston, wosamva uja