Mtanda Wopanda Manda

Lolemba, 30 Okutobala 1995. Kwatentha, ndipo mtima wanga ukuwawa.

Ndapalasa njinga kuchoka kwa Msakambewa mpaka ku boma, kukafunsa kumene anakwirira amuna anga atafera m'ndende. Lachinayi Bambo Mfumu adzadalitsa manda.

Kalaliki atangomva dzina langa, anatulutsa kalata ya chaka chatha.

"Mayi, zanu anagamula kale. Anakana."

"Bwana, paja ndinkafunsa amene anawaneneza. Lero ndikufunsa manda okha."

"Fayilo ndi imodzi, chigamulonso ndi chomwecho."

Tinavota kuti tizifunsa mopanda mantha. Kodi akandikaniza chimodzi, ndiye kuti andikaniza zonse mpaka imfa?

Mtanda umene ndinakhometsa ku Mponela uli kuseri kwa chitseko. Dzina lawo analilemba bwino kwambiri. Pokauzika ndi pamene sindikupadziwa.