Madzi Anali Ataphwa

Lachinayi, 27 Ogasiti 1914, Wilhelmshaven

Msana ukuwawa. Chakudya: nsawawa ndi mbatatesi, ngati dzulo. Ndaona mng'ono wanga Onno padoko, sitima yawo yankhondo ya Cöln ikulonga malasha. Bii thupi lonse, mano okha mbee. Tonse ndife osonkhezera moto m'mimba mwa sitima, koma iye amanyada chifukwa yawo ndi yaing'ono yaliwiro, yathu chimphona. Akuti, "Achimwene, inu mukunenepa pa nangula, nkhondo tikukumenyerani ndife." Ndamugenda ndi khala. Mwana wopanda ulemu. Nsapato zanga zomwe anabwereka pa ukwati wake, mpaka lero zii.

Lachisanu, 28 Ogasiti



M'mawa belu lochenjeza. Angerezi alowa m'chifunga kufupi ndi chilumba chathu cha Heligoland, akuwombera timasitima tathu tolondera. Sitima zazing'ono zaliwiro zatuluka imodzi imodzi. Cöln nayo.

Ife tathira malasha ngati amisala. Ng'anjo zonse psuu, nthunzi yokwanira. Ndiyeno sitinasunthe. Madzi anali ataphwa, monga nyanja ya kuno imachitira kawiri pa tsiku. Pakamwa pa mtsinje wa Jade, potulukira sitima zathu, pali mchenga uja, mwana aliyense wa kuno amaudziwa. Yaing'ono imadutsa, chimphona ngati chathu chimayembekeza madzi. Ndi mizinga yathu yonseyi, ha! Ife phee, mafosholo m'manja. Amene anatsika kuchokera pamwamba anati kumpoto kukumveka ngati mabingu akutali.

Tjark, mnzanga wa pa ng'anjo, anandipatsa fodya wotafuna n'kunena kuti nyanja ilibe bwana. Ndinafuna kumuswa ndi fosholo. Sanalakwe kanthu.

Madzi anakwera dzuwa litapendeka. Tinathamanga, ndinasonkhezera mpaka matuza anaphulika. Kufika kuja, chifunga chokhachokha. Angerezi anali atapita kale. Cöln sitinaione.

Loweruka, 29 Ogasiti

Cöln sinabwere. Pamalo pake padoko pali madzi basi. Ena akuti yathawira ku mtsinje wa Elbe. Ena akuti Angerezi anatola anthu ambiri m'madzi, koma akuti amenewo ndi a sitima ina, Mainz. Akuluakulu pakamwa tseke.

Sindinadye. Ndikuopa, palibe mawu ena. Gesche, mkazi wa Onno, akuti waima pa geti la doko kuyambira m'mawa. Ine chilolezo chotuluka ndilibe. Ndipo ndikadamuuza chiyani?

Lachiwiri, 1 Seputembala

Cöln inamira, tsopano avomera. Koma atola munthu mmodzi m'nyanja, wamoyo, atayandama masiku angapo. Mmodzi mwa anthu mazana asanu. Ndipo akuti ndi wa malasha!

Onno amasambira ngati katumbu. Tili ana ankawoloka ngalande ya kwathu ku Leer m'nyengo yozizira, Amayi akukuwa kumtunda. Ndauza Tjark zimenezi katatu. Anangoti a malasha pa sitima ija analipo ambiri, aise, usadzipweteke. Galu. Ndikudziwa.

Ndapemphera. Ndazindikira pakati pa pempherolo kuti ndikupempha kuti ena onse akhale atafa. Sindinasiye.

Lachitatu, 2 Seputembala

Dzina latuluka. Si Onno.

Munthuyo sindimudziwa, sanandilakwire, koma ndikumuda. Mulungu andikhululukire.

Akuti sitima itamira ambiri anali m'madzi, amoyo, akuitana. Ankachepa pang'onopang'ono. Ife tinadutsa chapafupi m'chifunga chija, ine pansi ndikuthira malasha, osamva kanthu.

Lero atitsukitsa ng'anjo. Sopo watha.

Lamulungu, 6 Seputembala

Andilola kutuluka. Kwa Gesche. Nyumba yosesedwa mopitirira, jekete la Onno pa msomali. Wandithirira tiyi, shuga wamiyala pansi, kirimu pamwamba, osatakasa, monga timachitira kwathu. Sanalire. Ine ndi amene ndinalira, mwamuna wamkulu.

Ndinakonzeka kuti andifunsa komwe tinali ndi mizinga yathu. Ndinali ndi yankho la mchenga ndi madzi ophwa. Sanafunse. Bambo ake ndi msodzi, za madzi amazidziwa kundiposa.

Anafunsa china. "Alamu, inu mumadziwa za pansipo. Sitima ikamamira, wa malasha amatulukira pati? Musandinamize. Ndikufuna kudziwa komwe ndizimuganizira, m'madzi kapena m'katimo."

Ndimadziwa, inde. Nkhondo ikayamba zitseko zachitsulo amazitseka pamwamba pathu. Makwerero ndi opapatiza, munthu mmodzi mmodzi, mumdima, nthunzi yotentha paliponse. Ena amatuluka, wotoledwa uja anatuluka. Koma Onno si munthu wokankha mnzake pa makwerero. Ndipo ngati anatuluka, ndiye kuti anali mwa oitana aja pamene ife tinkadutsa.

Ndinayang'ana tiyi. Iye akundiyang'ana ine, akudikira.

Ndinati sindikudziwa, mlamu.

Anati, "Ndiye sankhani. Ndikhulupirira chomwe munene."

Mpaka ndabwerera kusitima sindinasankhe. Mawa tikulonga malasha.