Masamba Pamsewu wa ku Chikamveka

Lachinayi, mwezi wa Juni. Kwazizira tsiku lonse, ndipo zimene ndaona lero zandinyansa.

A Makwinja, otsogolera filimu yathu, aipondaponda nkhani yanga. Ine ndinalemba za mayi wamasiye akuchapa malaya a malemu mwamuna wake mumtsinje wa Likangala, ali chete. Iwo akuti, "Achimwene, zimenezo ndi za kuyunivesite. Anthu amafuna maliro." Munthu woti tsamba lachiwiri sanalifike n'komwe!

Ndiye m'mawa ayala masamba pamsewu ku Chikamveka ngati pagwadi zovuta, osauza aliyense kuti ndi sewero. Apanjinga anayamba kutsika, abambo kuvula zipewa, amayi kubwera ndi ufa ndi nkhuni. Mayi Nachisale, akumpingo kwathu, anagwada pafupi ndi bokosi la maliro lopanda kanthu limene a Makwinja anaika pamenepo n'kulira zenizeni. Kenako anandigwira dzanja: "Pepani bambo, watisiya ndani?"

A Makwinja ali kuseri kwa kamera, mano onse pamtunda, akunong'ona, "Jambula, misozi yeniyeni imeneyo!"

Madzulo akundiyamikira ati ndimalemba bwino. Filimu ikadzatuluka, pa "wolemba" padzakhala dzina langa, osati lawo. Lamulungu likubwerali Mayi Nachisale ndikawayang'ana ndi maso ati?