Maso a Boti la Alli

Lachitatu, 2 Julayi

Chiperoni chayamba. Phiri la Chisi silikuoneka, nyanja ndi thambo zangosanduka chinthu chimodzi chotuwa. Amayi anga a sukulu ya kwacha abwera ochepa, ena akadapuntha mpunga ku Likangala.

Ndatsegula katoni ya mabuku imene Brenda, msuweni wanga wa ku Zomba, wanditumizira. Akuti ndiziwalangiza amayi zoti aziwerenga, zokhudza akazi aluso. Brenda wa m'tauni! Amaiwala kuti ophunzira anga ena pensulo akadaigwira ngati mpini wa khasu. Ndiye ndimawerenga ndine, n'kumawafotokozera.

Ndawasankhira atatu. La amayi ojambula m'makoma a nyumba zawo, lodzaza ndi zithunzi. La oumba mbiya, limenelo ndimalikonda ndekha. Ndi la mayi wina wa kudziko lozizira amene ankalemba nthano n'kumaikapo dzina la mwamuna wake kuti anthu azilandire. Limenelo aseka mpaka misozi, akuti bamboyo ndiye anakwatira bwino.

Sophia yekha sanaseke. Ndi mkazi wa Wilisoni, bambo uja amapenta maboti. Amakhala kumbuyo, manja atawabisa m'chitenje ngati kwa iye ndi Julayi chaka chonse. Potuluka wandifunsa buku loti atenge. Ndamupatsa la zithunzi. Akuti ayi, la mayi uja. Ndamuuza kuti ndi Chingerezi chokhachokha, koma wangolitenga.

Lachisanu, 4 Julayi

Ndinapita kudoko kukagula matemba. Maboti a pano onse ali ndi maso kumutu kwake, awiriawiri, ndipo ine sindiwakonda. Ukamayenda amakutsatira. Asodzi amati Wilisoni ali ndi dzanja, maso ake amaona njira m'mabango ngakhale kutachita nkhungu. Wilisoni yemweyu, woti kusainira dzina lake thukuta limatuluka? Amapentera kuseri kwa mpanda kwawo, atatseka, akuti kuopa akazi. Pano mkazi akhoza kukwera boti, koma mutu wake saukhudza, akuti boti limazizira, nsomba n'kumalithawa. Kusenza nsombazo ndiye palibe amatiletsa.

Lolemba, 7 Julayi

Sophia wabwera kunyumba masana kuti ndimuwerengere kumapeto. Potambasula bukulo ndaona zala zake. M'zikhadabo muli penti wabuluu, wakalekale, wokana sopo. Waona kuti ndaona. Wabweza manja m'chitenje.

Ndamuwerengera pamene mayi uja, atakalamba, anaika dzina lake lenileni pachikuto. Wandifunsa kuti anthu anamutani. Ndati bukulo silikunena. Kenako wandipempha ndimuonetsenso kalembedwe ka dzina lake. Walilemba pafumbi kangapo, akufufuta ndi phazi.

Lachinayi, 10 Julayi

Zavuta. Boti latsopano la Alli, mwini maboti uja, analitulutsa dzulo kwa Wilisoni. Pansi pa diso lakumanja pali tizilembo toyera: Sophia. Alli sukulu anapitako, wawerenga mokweza pamaso pa anthu. Amuuza Wilisoni kuti ajambule diso pamchenga onse akuona. Wajambula chinthu ngati dzira la bakha.

Poti ndi mkamwini, wangotenga chikwama chake ndi zitini za penti, ulendo kwawo osatsanzika. Mtima wanga suli m'malo. Buku lija ndinasankha ndine.

Loweruka, 12 Julayi

Kuyambira m'mawa phokoso limodzi lokha: kwee, kwee, kwee. Amuna onse a padoko akupala maso a pamaboti awo, ena ndi mipeni, ena ndi mabotolo osweka, osalankhulana. Ngakhale wailesi palibe watsegula. Ndinkati maso aja sindiwakonda, koma maboti opanda maso ndiye andiopsa zenizeni. Angoti ndandanda m'matope, osayang'ana kulikonse.

Pamsika akuti Sophia ndi mfiti, zaka zonsezi wakhala akusuzumira amuna a eni ake ali panyanja. Ena akuti asadzagwirenso burashi, akayerekeza adzaona. Mayi wina wa m'kalasi mwanga momwe wandiuza akumwetulira kuti ndiwasamale mabuku anga, pepala silichedwa kugwira moto. Ndamuyankha kuti denga lake ndi laudzu. Pakamwa pangapa padzandipalamulira tsiku lina.

Lamulungu, 13 Julayi

Kutchalitchi kunadzaza mpaka pakhomo. Benchi ya Sophia yokha inali ndi malo mbali zonse ziwiri.

Lachitatu, 16 Julayi

Kukalasi sikunabwere munthu. Ndakhala ndekha ndi katoni yanga, kenako ndatsikira kudoko.

Maso akubwerera. Penti analowerera m'matabwa, ndiye akanyowa amaonekanso, otuwa ngati a munthu wa ng'ala. Chifukwa chake ndikuchidziwa bwinobwino, ndine mphunzitsi, koma thupi langa lachitabe tsemwe.

Alli dzulo anasochera m'mabango tsiku lonse, munthu woti anabadwira pamadzi pomwepa. Akuti ankamva agalu a kumudzi akuuwa kumbali zonse, akapalasa kulowera uku, agalu ali kumbuyo. Anatulukira pamalo pomwe anayambira. Nkhungu sikuchoka. Lero maboti ambiri sanalowe n'komwe, ndipo pamsika matemba kulibe.

Ndinakamuona Sophia. Ndamupeza pakhonde, manja ali poyera pamaondo. Waonda. Akuti zala zikumuyabwa, dzulo wajambula pakhoma la bafa ndi khala, mvula yowaza n'kutsuka. Akuti chimene chikumuopsa si Wilisoni, si amayi a pamsika, koma kufa asanajambulenso diso. Ndinayamba kupepesa, wandidula.

“Aphunzitsi, inu munangowerenga. Dzinalo ndi langa.”

Ndabwerako ndili ndi mantha, ndiponso kansanje pang'ono.

Loweruka, 19 Julayi

Masana ndinali kwa Sophia, tikupeta mpunga. Tangoona boti likubwera m'nkhungu, pamtunda, m'kanjira ka pakati pa minda, likuyenda pang'onopang'ono pamwamba pa udzu. Lichero linandipulumuka. Litayandikira m'pamene ndinaona miyendo pansi pake. Amuna a padoko, atasenza boti la Alli.

Sanaodire. Analitula pabwalo. Alli anaika chitini cha penti chatsopano ndi burashi pansi, kenako onse anatembenuka n'kutipatsa misana. Ndinamvetsa: akapanda kuona, ndiye kuti mkazi sanakhudze. Nzeru za amuna a pano! Kuseka kunandifika pakhosi, koma kunali zii moti sindinayerekeze. Misana yokhayokha, malaya onyowa, palibe ngakhale wotsokomola.

Sophia anapukuta manja, anatsegula chitini ndi mpeni, n'kutakasa penti ndi kamtengo. Anatakasa nthawi yaitali. Ndinkafuna kumuuza kuti ajambule msanga anthuwa asanasinthe maganizo, mwayi wotere subwera kawiri. Iye anatenga burashi ija, anaiyang'ana, n'kuigoneka pamwamba pa chitini.

“Bambo Alli, ndajambulira kuseri kwakwana. Amene akufuna maso atembenuke, aone amene akujambula.”

Sanakweze mawu. Palibe anasuntha. Ndinkangomva madzi akudontha kuchokera pansi pa boti. Wina kumapeto kwa mzere ananong'ona kuti tiyeni tilinyamule tizipita. Sophia anapinda manja.

Kenako phazi la Alli linakwekwereza pafumbi. Anatembenuka yekha, anzake onse akadali chipatsire misana, anavula chipewa. Nkhope yake inali ngati ya munthu amene akudikira jakisoni. Sophia anaviika burashi, n'kuika dzanja lake lonse pamutu pa boti.