Ndinatenga cha m'laputopu ya wina

Okondedwa Amalume,

Landirani moni m'dzina la Ambuye, pamodzi ndi onse pakhomopo. Kuno tili bwino, kungoti diso langa lakumanzere latupa.

Lolemba mphunzitsi wina anabweretsa laputopu yosayaka kushopu kwanga kuti ndimukonzere. Ndinathira sipiriti pa bolodi la m'kati mwake n'kulowetsa magetsi pang'ono, ndipo pamalo pamene panauma msanga ndinapeza kachipangizo kopsa. Katsopano ndinalibe. Ndiulule, amalume: ndinakachotsa m'laputopu ya dalaivala wina imene inakhala pashelefu miyezi isanu. Ya mphunzitsiyo inayaka.

Lachitatu dalaivala uja anatulukira n'kupeza yake ili yasa ngati nkhuku yotumbula.

"Wakuba iwe! Laputopu yanga wasandutsa golosale?"

Anandigwira pakhosi, kundimenyetsa mutu patebulo kawiri, kenako chibakera padiso. Ine chitsulo chowotcherera mawaya chinali m'dzanja, chikutentha. Chomwe ndikukumbukira ndi fungo la mnofu wopsa ndi kukuwa kwake. Anagwira kumaso n'kugwa. Anzanga amashopu oyandikana anathamangira naye kuchipatala, ndipo abale ake abwera kawiri kudzafunsa kumene ndimagona.

Ndikagwada, pemphero silikutuluka. Kodi m'chipinda chanu chakuseri chija muli munthu? Amayi musawauze kaye.

Ndine mwana wa mlongo wanu.