Mayi a Tsache apezeka m'zithunzi za m'khonde

KOMITI YA OGWIRA NTCHITO ZOTHANDIZA PASUKULU

Tsiku: Lachinayi, pa 14 Marichi
Malo: Kalasi ya ana aang'ono, poti ndi yokhayo yomwe tili ndi makiyi ake
Analipo: A Mlonda, omwe ndi wapampando, Mayi Ophika, Bambo a Maluwa, Mayi a Tsache, Wopukuta mawindo, yemwe ndi mlembi
Sanabwere: A Kalipentala, dzino lawavuta

1. Kutsegula

Wapampando anatsegula msonkhano ndi pemphero 2 koloko masana. Tonse tinakhala pa timipando ta ana.

2. Uthenga wa loya

Wapampando anati loya wa bungwe lathu wawaimbira foni. Khoti lagamula kuti aliyense amene wagwira ntchito pasukulu ya boma zaka zisanu zotsatizana, ngakhale alibe kalata yomulembera ntchito, ali ndi ufulu wolembedwa ntchito yokhazikika, ya tchuthi ndi penshoni. Mayina ndi umboni zikafike kwa loya mawa 12 koloko isanakwane.

Mayi Ophika anaimba nthungululu ndipo anavina kuzungulira tebulo la aphunzitsi kawiri. Bambo a Maluwa anapempha kuti kuyambira lero tiziwatchula kuti bwana. Pempholi linakanidwa.

3. Umboni wa aliyense

Wapampando ali ndi mabuku apageti omwe amasaina tsiku lililonse. Mayi Ophika amasaina potenga chakudya cha ana kosungira katundu. Bambo a Maluwa amasainira makasu ndi wilibala. A Kalipentala amasainira zida zawo. Mlembi wagwira zaka zitatu zokha, choncho adikira.

Mayi a Tsache atafunsidwa anati asesa pano zaka 19 koma sanasainepo chilichonse, chifukwa tsache amachokera nalo kunyumba. Anati, "Ntchito yangayi, achimwene, ikagwirika bwino sipatsala kanthu. Loyayo ndikamuonetse chiyani, fumbi?"

Wapampando anafotokoza kuti dzina lopanda umboni silingalowe pamndandanda, ndipo pamalo pa munthu wotsalayo boma lidzatumizapo wosesa wake. Mayi Ophika anabwerera pampando.

4. Zithunzi

Mlembi anakweza mkono. Anauzidwa kawiri kuti akweze mawu. Anati akamapukuta magalasi a zithunzi za ana omaliza sukulu, zomwe zili m'khonde la ofesi, amawaonamo Mayi a Tsache chakumbuyo, chifukwa wojambula amabwera m'mawa nthawi yosesa pabwalo. M'chithunzi chilichonse ana anyamula kabolodi kolembedwa chaka.

Komiti yonse inathamangira kukhondeko. Wapampando anafika mochedwa chifukwa kampando kanawakanirira m'chiuno.

Mayi a Tsache anapezeka m'zithunzi 16. Pena ali kuseri kwa ahedi, pena pafupi ndi mpopi, pena angotulukira theka. Mayi Ophika ankakuwa pa chithunzi chilichonse kuti, "Ndi awa! Ndi awanso! Mayi inu, simunaphonye!" Mayi a Tsache anati ahedi onse anayi amene adutsa pano anawakalipirapo kuti akuwononga chithunzi. Anati, "Ndiye ndikanasiya pabwalo pali zinyalala chifukwa cha kamera?"

Panabuka vuto. Nkhope yawo ikuoneka bwino zaka zinayi zotsatizana, koma chaka chachisanu anawerama ndipo akuoneka kumbuyo kokha.

Bambo a Maluwa anati iwo ndi okonzeka kukalumbira m'khoti kuti kumbuyoko ndi kwa Mayi a Tsache, sangasokoneze ndi kwa munthu wina. Mayi Ophika anafunsa kuti, "Inu achimwene, mwakudziwa bwanji chonchi? Mumathirira maluwa maso ali kuti? Alamu akudziwa zimenezi?" Bambo a Maluwa anati iwo azindikira tsachelo basi. Mayi a Tsache anati, "Tsache mwaliona liti, poti labisika ndi ana?" Wapampando analamula kanthu kena pankhani ya kulemba zimenezi, koma anali kuseka kwambiri moti mlembi sanamve bwino.

Titabwerera m'kalasi, wapampando anaimbira loya foni tonse tikumva. Loya anatifunsa kawiri ngati tikunena zoona. Kenako anati zithunzi zokhala ndi chaka ndi umboni wabwino, ndipo chowerama chija chingofunika mboni ziwiri zosaina kuti munthuyo ndi yemweyo.

Zomwe tinagwirizana:
a. Mboni zikhala wapampando ndi Mayi Ophika. Bambo a Maluwa anadzipereka katatu koma sanasankhidwe.
b. Ahedi avomera kutibwereka zithunzi zisanu zotsatizanazo, bola magalasi asasweke. Mlembi azikulunga m'matawulo.
c. Dzina la Mayi a Tsache likhale loyamba pamndandanda.

Mayi a Tsache analemba dzina lawo okha. Zinatenga kanthawi ndipo palibe anawafulumizitsa. Atamaliza anauzira papepalapo ngati inki sinaume, ngakhale inali bolopeni.

5. Zina ndi zina

Wapampando anati zithunzi azipititsa okha kwa loya mawa m'mawa. Mayi a Tsache anakana. Anati nkhope ndi yawo, kumbuyo ndi kwawo, akazipereka okha. Wapampando anawakumbutsa kuti m'mawa ndi nthawi yosesa. Iwo anati, "Masambawo andidikire kaye. Mawa ine ndili ku ofesi."

Onse anavomereza. Mawa pabwalo sipasesedwa.

6. Msonkhano wotsatira

Lachinayi, pa 28 Marichi, m'kalasi yomweyi. Wapampando abwera ndi mpando wawo wapageti.

Msonkhano unatha 4 koloko itapitirira ndi mphindi khumi.

Wapampando: ……………………
Mlembi: ……………………