Amayi Anatembenuka

Bembeke, Dedza
17 Juni 1973

Okondedwa achimwene a Benedicto,

Ulendo uno ndalemba ndekha, sindinatume munthu. Mukapeza zolakwika musandiseke. Kaya inu ku Joniko? Ife tili bwino, kungoti chisanu chafika, ndipo kachewere takumba theka.

Muwakumbuka Bambo Dominiko a ku mishoni, aja ankayenda ndi kamakina kojambulira kanema? Anajambula mudzi wathu napolo asanagumule phiri n'kutenga amayi ndi nyumba zija, anadzajambulanso pambuyo pake. Tsopano alumikiza zidutswazo. Lamulungu itatha Misa anationetsa m'kalasi, mawindo atatchinga ndi mabulangete.

Kanema wake wachilendo, wopanda mawu. Phiri. Kenako mapazi a anthu akuvina. Kenako chitseko chaima chokha m'matope. A Yohana anafuula kumbuyo kuti, "Abambo, nanga omenyana abwera liti?" Anthu anaseka.

Basi ndinangoona amayi. Akuchokera kudimba, dengu pamutu, chitenje chawo chobiriwira chija. Akubwera ndithu, achimwene, akuyenda! Kunangotsala pang'ono kuti nkhope ioneke bwino. Pomwepo anapatuka m'njira, anagwada, n'kufunda chitenje kumaso, kutipatsa msana.

Chifukwa chake ndi alamu a Alufeo, amuna a achemwali. Tsiku lojambulalo anaima pambali pa Abambo. Nanga amayi akanayang'anana bwanji ndi mkamwini wawo? Azimayi anaseka kuti, "Ulemu wa NaPhiri umenewo!" kenako kusekako kunasanduka maliro. Alamu anatuluka panja.

Anthu atapita ndinalimba mtima, ndinapempha Abambo abwereze. Anabwereza katatu. Katatu konse amayi anatembenuka.

Tsono pali chimene sindinauze munthu, ngakhale achemwali. Nkhope ya amayi yandithawa. Mawu awo ndimawamva, fungo la utsi pa chitenje chawo ndilikumbuka, koma ndikatsinzina pankhope pamangokhala mbee ngati nkhungu ya m'phiri. Zaka zitatu zokha! Chithunzi tilibe. Kodi limeneli ndi tchimo?

Inu munakhala nawo zaka zambiri kuposa ine. Buluku munalonjeza lija lisiyeni. Mungondilembera nkhope yawo, pang'onopang'ono, kuyambira pachipumi. Kachipsera kaja kanali tsaya liti? Akamaseka maso ankatani?

Achemwali akupereka moni. Alamu akuti muwakhululukire, ndawauza kuti sanalakwe.

Muyankhe msanga, ndisanaiwalenso mawu.

Ine mlongo wanu,
Falesi